Njira ya ku Chigayo pa Mapu a Amayi

Ndimakumbukira katoni ya shuga yong'ambika pakona, yakuda ndi makala, imene amayi ankaipinda n'kuisunga m'chitenje ngati khadi ya ku chipatala. Anali mapu. Anawajambula ndi amalume, chaka chimene tinachoka ku Sinda kupita ku Vubwi kukafuna atate. Atatewo anapita kumalire kukagula soya nthawi yokolola, osabwerako.

Amalume anali mkamwini m'mudzi umene tinafikira, ndipo ntchito yawo, ngati inali ntchito, inali yojambulira alendo njira. Kumeneko njira n'zambiri, ukaphonya imodzi umangozindikira ukulonjerana ndi anthu a ku Mozambique. Koma amalume sankajambula msanga ayi. Ankayamba amuyang'ana munthu kuchokera kumapazi, n'kumufunsa kumene anakwatira, zimene sadya, zimene amaopa. Akatero m'pamene ankatola khala. Mkamwini mnzawo ankamujambulira njira yolambalala nyumba ya apongozi ake. Kwa mnyamata wosavinidwa, nkhalango ya kudambwe inkasanduka phiri losakwereka. Msilamu wina wa ku Katete, wogula mbuzi, anamupatsa mudzi wopanda khola la nkhumba ngakhale limodzi.

Kusukulu kumene anandilowetsa, aphunzitsi anatiuza kuti mapu enieni safunsa kuti ndiwe yani. Nditakawauza amalume, anangoti, "Aphunzitsi akowo alibe apongozi?"

Anthu ankaseka. Ine sindinkaseka, chifukwa wosenza chimanga ndinali ine.

Chigayo chinkamveka kulira tili pakhomo, gu gu gu, pafupi ndithu. Koma pa mapu a amayi njira yake inkatsikira kudambo, n'kudutsa m'thengo la chitedze, kenako pa mlatho wa mitengo yoterera, ndiye n'kukhoteranso kumene tachokera. Tinkanyamuka mame asanaume, amayi atabereka mlongo wanga, ine chitini chili pamutu, nkhata italowa m'chigaza. Chisoso chinkadzaza m'diresi. Pobwerera ufa unkanditentha pamutu, miyendo ikuyabwa, khosi litauma gwa. Ndikadandaula amayi ankangoti, "Amalume ako akuidziwa nthaka ino, tiye." Panjira amayi aliyense wokumana naye ankamufunsa za atate, munthu wamtali wa njinga yomanga mphira wofiira pachishalo. Anthu ankayang'ana pansi, n'kupukusa mutu.

Lero ndili ndi ana anga, ndipo ndimapirira zambiri. Koma kumutuma mwana wamkazi m'chitedze miyezi yonse yozizira, iwe ukudziwa kuti njira yachidule ilipo, izi ndiye mpaka pano ndikaziganiza ndimaluma mano. Anali ndi pakamwa amalumewo. Bwanji osangonena?

Tsiku lina mlongo wanga anatentha thupi, amayi ananditumiza kuchigayo ndekha. Pakhonde panali katoni imene wogula mbuzi uja anaiwala. Nditaiika pafupi ndi ya amayi ndinaona mudzi womwewo, mtsinje womwewo, koma pa yake panali mzere wowongoka wolunjika kuchigayo, ukudutsa pa kanyumba kena kamene pa mapu a amayi panalibe. Ndinatsata mzerewo.

Kanyumbako kanalikodi, ka malata atsopano. Pakhoma panatsamira njinga ya mphira wofiira. Atate anali pamphasa osavala malaya, ndipo mayi wina wapakati ankawathirira madzi m'manja. Atate anandiyang'ana nthawi yaitali. Kenako anandithyolera nzimbe n'kunena kuti, "Wakula iwe. Ukawapatse moni amako."

Kuchigayo sindinafikeko. Ndinathamanga chimanga chikutayikira m'njira, n'kufika ndikukuwa: "Amayi, ndawapeza! Ali pafupi pompa!" Ndinafotokoza zonse, malata, njinga, ndi mayi wachifundo wowathirira madzi uja.

Amayi anapitiriza kumupukuta mwana ndi kansalu konyowa. Patapita nthawi anatembenukira kwa amalume, amene anali pansi pa mtengo wa mango, khala lili m'manja.

"Achimwene, kanyumbako munakaiwala?"

"Pa mapu ako panalibe malo ake, mlongo wanga."

"Nanga miyendo ya mwanayu inali ndi malo?"

Mlongo wanga atangopezako bwino, amayi anamanga katundu, tinakwera galimoto ya soya yopita ku Chipata kuti tikapeze basi ya ku Sinda. Njira yonse ndinakhala pamatumba nditatupa masaya, ndikutafuna nzimbe ija ndekha osagawira munthu. Tinayenda ulendo wonse uja kudzafuna atate, ine ndinawapeza, ndipo panalibe ngakhale mmodzi wondiuza zikomo.