Kanema wa pa Bafuta wa Agogo

Fungo la palafini limandikumbutsabe amuna a mayi anga aang'ono. Anabwerera kuchokera ku Halale ndi banjo yokha, nadzitcha wopanga kanema woopsa. Kanemayo anali mizukwa ya makatoni imene ankaivinitsa kuseri kwa nsalu atayatsa nyali, uku akubuula tinyimbo tawo.

Madzulo ena anapachika bafuta amene agogo, podziwa kudwala kwawo, anasungira maliro awo. Anafe tinakuwa monga momwe ankafunira. Kenaka nyali inapsereza nsaluyo, ndipo pabowo panatulukira nkhope yathukuta ya wopanga kanemayo.

Agogo, amene mwamwambo sankaonana maso ndi mkamwini, anasendera ndi ndodo yawo nawayang'anitsitsa.

"Pitirizani kuimba, apongozi," anatero. "Ine ndikamapita mudzandikulunga m'jekete lanulo."