A Kunsi ndi Gudumu Lachinayi

Mpingo wathu wataya a Kunsi, makaniko, amene anapemphera nafe zaka zoposa makumi asanu. Ambiri ankawadziwa ngati mkulu wa pa benchi yakumbuyo, wa zikhadabo zakuda ndi girizi zimene sopo anazilephera. Dzinali linabwera ndi ntchito. Munthu akafika pa galaja n'kuwafunsa, yankho linali limodzi chaka ndi chaka: ali kunsi. Moyo wawo ukulembedwa pano monga unalili, chifukwa iwo eni anapempha kuti pasabisidwe kanthu.

Anabadwa achitatu m'banja la ana asanu ndi mmodzi. Bambo awo ankakonza njinga, mayi awo ankachapira anthu zovala. Ali aang'ono anali amanyazi kwambiri, moti m'tchalitchi ankalowa pansi pa benchi n'kumamvera ulaliki ali chigonere. Mayi awo ankawakoka mwendo, koma sabata yotsatira ankabwereramo. Kumeneko anaphunzira kudziwa anthu poona mapazi: uyu amagwedeza phazi nyimbo ikayamba, uyu amavula nsapato ulaliki ukatalika.

Sukulu sanapite nayo patali. Ali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri analowa ntchito pa galaja, ndipo imene anzawo ankakankhirana ndi imene iwo anaikonda, yotsikira m'dzenje. Dzenjelo ndi lalitali ngati manda awiri olumikiza, lili ndi masitepe asanu kumapeto, ndipo galimoto imaima pamwamba pake. M'menemo mumazizira ngakhale kunja dzuwa likuswa mtengo. Munthu amaona mimba ya galimoto pamwamba pa mutu wake, ndipo m'mbali, pa kampata ka pakati pa galimoto ndi simenti, amaona mapazi a anthu. A Kunsi ankayambira kutsogolo ndi tochi ndi kahamala. Ankagogoda chitsulo chilichonse n'kumvetsera, kugwedeza zitsulo za chiwongolero, kupukuta mapaipi a mabuleki ndi chala kuti aone ngati akudontha, ndi kuyang'ana ngati tayala likudyeka mbali imodzi. Akatuluka ankapita ku magudumu. Galimoto ikakhala pa jeke manati amangomangidwa pang'ono. Kulimbitsa kwenikweni kumachitika itatsitsidwa pansi, ndi sipanala yaitali, gudumu ndi gudumu mpaka onse anayi.

Anakwatira mayi wa m'kwaya, wolankhula mokwanira anthu awiri, ndipo Mulungu anawapatsa ana atatu. Mayiwo ankaseka kuti anakwatiwa ndi munthu amene amayeserera manda tsiku lililonse, moti tsiku lake likadzafika sadzafuna womulondolera. A Kunsi ankangomwetulira.

Anali ndi chizolowezi chimodzi chimene sankachiphonya. Belu la tchalitchi likalira dzuwa lili pamutu, ankasiya chilichonse chimene chinali m'manja n'kugwada pomwepo. Anzawo ankati ngakhale galimoto itawagwera pachifuwa belu n'kulira, ayamba apemphera, kukuwa pambuyo.

Ali ndi zaka makumi anayi ndi chimodzi, m'mawa wina kunabwera atelala a mumpingo mwathu momwemu ndi akazi awo. Anali pa ulendo wokaona mwana wawo wamkazi kusukulu yogonera komweko, ndipo ankafuna kuti kagalimoto kawo kaonedwe kaye. Ali m'dzenje, a Kunsi anaona nsapato za mayiwo: zabulauni, za kachingwe kamodzi, yakumanzere yodyeka chidendene. Zinaima pafupi ndi gudumu lakumbuyo, phazi likugogoda simenti pang'onopang'ono monga amachitira munthu wochedwa. Nkhope sanaiyang'ane, poti sankakonda kuyang'ana akazi a eni kumaso. Anakonza mabuleki, anabwezera magudumu, anatsitsa galimoto. Analimbitsa loyamba, lachiwiri, lachitatu. Belu linalira. Anagwada sipanala ili pambali, ndipo atanena ameni anadzuka mtima uli mbee, akuyesa kuti amaliza. Anavindikira manati n'kuwafunira atelala ulendo wabwino.

Tsiku lomwelo, dzuwa litapendeka, gudumu lakumbuyo kumanzere linachoka pa mtsetse. Atelala anatuluka ndi nthiti zothyoka. Akazi awo anafera pomwepo. Ofufuza ngoziyo analemba kuti chinachititsa ndi liwiro, ndipo anthu anavomereza, poti zinadziwika kuti banjalo linanyamuka mochedwa.

Chigoba cha galimotoyo chinakokedwa n'kudzaikidwa kuseri kwa galaja, gudumu lija ataliponya m'kati. A Kunsi analitulutsa. Mabowo ake sanalinso ozungulira. Anali atatalika ngati mazira, m'mphepete mwake mukunyezimira. Makaniko aliyense amadziwa kuti bowo limatero gudumu likayenda mtunda likugwedera pa manati osalimba. Mwini galaja anabwera kumbuyo kwawo, anayang'ana, n'kunena motsitsa mawu kuti pamalo pano pamadya mabanja asanu ndi atatu, ndipo galaja itati itsekedwe mayiwo sangadzuke. A Kunsi anakhala chete. Uku ndiko kulakwa kwawo kwakukulu, kuposa kwa gudumu, ndipo anati kulembedwe.

Patapita masabata atatu, masanasana, ali pansi pa lole ina, anaona nsapato zabulauni zitaima pa gudumu lakutsogolo. Kachingwe kamodzi, chidendene chodyeka. Phazi linkagogoda simenti, koma osamveka. Anafunsa mokweza kuti waima apo ndani. Mnzawo wowotcherera zitsulo anasuzumira n'kunena kuti palibe munthu, dalaivala wapita kukamwa tiyi, kapena utsi wa m'dzenjemo wayamba kuwalowa m'mutu. Atayang'ananso, panalibe kanthu. Anatuluka, anachotsa gudumulo, n'kupeza paipi ya mabuleki itatsala pang'ono kuduka.

Kuyambira pamenepo nsapatozo zinkabwera. Osati tsiku lililonse, nthawi zina mwezi unkatha. Sanazionepo zikufika kapena zikuchoka. Ankangotembenuza tochi n'kupeza zaima. Pamwamba pa akakolo galimoto inkatchinga, ndipo a Kunsi sanayesepo kusuzumira kuti aone kumtundako. Paliponse pamene zinaima panali vuto: nati yosweka, tayala lotupa chakum'kati, chitsulo chodyeka ndi dzimbiri. Mvula ikagwa, anthu ankalowa ndi matope n'kudinda simenti yonse, koma nsapatozo zinkakhala zouma, zili ndi fumbi la tsiku lija. Galu wa pa galaja, amene ankagona pansi pa galimoto iliyonse, ankadzuka n'kupita panja.

Mbiri inafala kuti a Kunsi ali ndi mphatso. Madalaivala ankadikirira pamzere, ena n'kumati mkuluyu ngozi amachita kuinunkhiza. Mawu amenewa ankawalasa. Anasintha kagwiridwe ka ntchito. Gudumu lililonse limene alilimbitsa ankalilemba ndi choko, ndipo belu likalira ali pakati pa galimoto ankamaliza kaye. Wina atawafunsa ngati asiya kupemphera, anayankha kuti, “Mulungu amadikira. Gudumu silidikira.”

Mumpingo anakana ukulu katatu. Ankasesa, kukhoma mabenchi, kuyendera odwala, ndipo galimoto ya mpingo inali m'manja mwawo zaka zonsezo osafapo panjira. Pa mgonero wa Ambuye ankatsala pa benchi ena akupita kutsogolo. Abusa akawafunsa ankangoti nthawi sinakwane. Mabenchi anayi kutsogolo kwawo kunkakhala atelala, okhaokha. Mwana wawo wamkazi uja anachoka pakhomo atangomaliza sukulu, ndipo sanabwererenso. A Kunsi ankayang'ana msana umenewo Lamlungu lililonse.

A Kunsi anauza akazi awo za nsapato zokha, za gudumu ayi. Mayiwo anati akanakhala mkazi wamoyo akanadziwa chochita naye, koma wopanda miyendo akamumenya pati. Kenako anasiya kuseka.

“Abambo, munthuyu muli naye chiyani?”

A Kunsi anatenga chipewa n'kupita kuntchito.

Zinatha zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi. Lachiwiri lina m'mawa kunabwera mayi wina wovala zakuofesi, ali ndi mnzake. Galimoto inaima pa dzenje, a Kunsi n'kutsika. Anthu amaiwala kuti pansipo pali makutu. Mnzakeyo ankamudandaulira kuti bambo ake akudwala, adutseko ngakhale pang'ono, ndipo tsiku lina abweretse ana adzaone agogo awo. Mayiyo anayankha kuti wabwera kuno pa zantchito, osati kudzaona munthu amene anapha mayi ake. Anati bambo akewo, atelala aja, anakana kunyamuka asanamalize kusoka jekete la munthu, kenako n'kukabwezera nthawiyo pamsewu. Akhale ndi makina awo osokerawo.

A Kunsi anatembenuza tochi. Panali mapazi a anthu awiri olankhulawo, ndi nsapato zabulauni. Ulendo uno sizinaime pa gudumu. Zinaima pambali pa mwana wa atelala, pafupi kwambiri moti zinkakhudzana ndi zake, zitaloza m'dzenje. Phazi silinkagogoda.

Anayendera galimotoyo kawiri, kuchokera kutsogolo mpaka kumbuyo. Anagogoda chilichonse. Anatuluka n'kuyesa manati onse ndi sipanala yaitali. Panalibe vuto. Anatsikanso, ndipo nsapatozo zinali pomwepo. Zinali zisanakhalepo nthawi yaitali choncho. Anazimitsa tochi, anapemphera ali chiimire, n'kukwera masitepe. Anavula chipewa.

“Mayi, galimoto yanu ili bwino. Koma ya bambo anu sinali bwino, ndipo anaigwira ndine. Ndinalimbitsa magudumu atatu. Lachinayi ndinalisiya.”

Mayiyo anawafunsa ngati akudziwa zimene akunena, ndiponso kuti anazizindikira liti. A Kunsi anayankha kuti sabata yomweyo ya maliro. Mayiyo anakhala pa tayala lakale osasamala za zovala.

“Ndiye ndadana ndi bambo anga zaka zonsezi chifukwa cha inu?”

A Kunsi anati inde.

Gudumu lija anali atalisunga kuseri kwa galaja, pansi pa malata akale. Analinyamula m'mawa womwewo, ndipo anapita ndi mayiyo kwa atelala. Anawapeza ali pa makina, atawonda, akutsokomola. A Kunsi anaika gudumulo pansi, anaonetsa mabowo, n'kufotokoza zonse, kuyambira belu mpaka nsapato. Atelala sanaimitse makina mpaka msoko utatha. Kenako ananena kuti ankadziwa kuti sanathamange, koma anthu onse akamakuuza chinthu chimodzi umafika pokayikira phazi lako lomwe. Anauza a Kunsi kuti atenge chitsulo chawocho atuluke. Mwana wawo anatsala m'nyumba.

Lamlungu lotsatira a Kunsi anaimirira pamaso pa mpingo n'kunena zomwezo, osachotserapo. Ena analira, ena anasiya kuwapatsa moni, ndipo mzere wa madalaivala unafupika. Kunyumba kwa a Kunsi, akazi awo anakhala masiku anayi osalankhula, chinthu chimene chinali chisanachitikepo chikwatiranire. Tsiku lachisanu anawachapira ovololo monga mwa masiku onse.

Nsapato zija sizinabwerenso. A Kunsi anagwirabe ntchito zaka zina zisanu ndi choko ndi kahamala, pang'onopang'ono, popanda wowalozera, mpaka mawondo anakana masitepe. Ankati tsopano akuopa kwambiri kuposa kale, chifukwa maso atsala awo okha.

Atelala sanakhululuke msanga. Ndi munthu wouma mutu. Anachira, adzukulu anayamba kubwera, koma kwa zaka ziwiri ankadutsa benchi yakumbuyo osatembenuka. Lamlungu lina la mgonero anaima pamenepo n'kunena kuti, “Dzukani. Sindipita ndekha.” Anapita kutsogolo limodzi, ndipo kuyambira tsikulo ankakhala benchi imodzi, osalankhulana zambiri.

Mwezi wathawu a Kunsi anagwidwa ndi chifuwa, ndipo sanadandaule. M'mawa wa tsiku lomaliza m'chipindamo munali akazi awo, ana awo, ndi atelala pa mpando wa pawindo. Atelala anafunsa funso limene anakhala nalo kuchokera tsiku limene anaona mabowo aja.

“Zaka zonsezo ankabwera kwa inu. Kwa ine ayi, ngakhale kumaloto. Chifukwa chiyani?”

A Kunsi anapuma kangapo asanayankhe.

“Inu munalibe choti muulule, achimwene. Akanadzakuimirirani chiyani?”

Atelala anasendeza mpando n'kuwagwira dzanja. A Kunsi anapempha akazi awo kuti ayimbe, ndipo anapita nyimbo isanathe, nkhope ili phee.

Anatisiyira chitsanzo chovuta kutsatira. Munthu amene ankatamandidwa ndi aliyense anataya dzina lake labwino kuti mwana abwerere kwa bambo ake. Anachedwa, ndipo iwo eni sanakanepo kuti anachedwa. Koma ananena akadali ndi mpweya, ndipo atelala amene iwo anawalakwira aja anali m'gulu la onyamula bokosi lawo. Ambuye awalandire.