Tsiku Limene Ndinasesa Filimu ya Madamu Odile

Ndinali ndi zaka khumi ndi chimodzi pamene ndinapita ku Doha kukacheza ndi bambo pa holide. Bambo anali dalaivala wa mayi wina wachifalansa, Madamu Odile, ku Al Waab. Ntchito ya mayiwa inali yolumikiza mafilimu. Ena akajambula, iwo ankadula zosafunika n'kusanja zotsalazo, chiti chiyambe, chiti chitsatire.

Tikutsika m'galimoto, bambo anandichenjeza. "Tamanda, muno usagwire kanthu. Tikalakwitsa, kontirakiti yatha, visa yatha, khalasi, kwatha basi, tonse kumudzi."

Koma ine ndinaleredwa ndi amayi amene ankati mwana wamkazi sadikira kuuzidwa kuti asese. Bambo ali panja kutsuka galimoto, ndinasuzumira m'chipinda china chozizira ngati m'firiji. Pansi ponse panali timakadi mbwee, kalikonse ndi chithunzi chake: ngamila, asodzi, mayi akulira. Mumtima ndinati azunguwa uve bwanji. Ndinatola tonse, tangamila patokha, taanthu patokha, n'kumanga ndi labala. Kenako ndinasesa, ndikudzimva kuti ndine mwana wolereka.

Madamu atalowa anangoima pakhomo, manja ali kukamwa. Anaitana bambo. Bambo atayang'ana pansi poyera paja, anandinong'oneza kuti timakadito sitinali zinyalala. Tinali filimu yonse, yoyalidwa mwadongosolo lake, ntchito ya masabata atatu.

Ndinachita mantha amene sindinachitepo. Ndinayamba kuona ndege ikutibweza kwathu, bambo alibe ntchito chifukwa cha tsache langa. Kenako bambo anga, munthu amene ku Kasungu anthu ankamupatsa mpando, anavula kapusi n'kugwada pa matailosi ozizira aja. "Pepani madamu, ndi mwana. Mlanduwu ukhale wanga."

Madamu anakhala pansi, namasula labala ija, n'kundikodola. Anaika kadi ya mayi wolira pambali pa ya bwato lopanda munthu.

"Akulira chifukwa chiyani?"

"Amuna awo amira," ndinayankha.

Anachotsa bwato, n'kuikapo mnyamata akutsika basi ndi chikwama. "Nanga pano?"

"Mwana wawo wabwera. Akulira ndi chimwemwe."

"Nkhope ndi yomweyo," anatero. "Chasintha ndi chimene chili pambali pake. Ndi zimene wasesazo."

Apo mpamene anazindikira kuti bambo adakali chigwadire. Nkhope ya madamu inafiira. "Dzukani, a Phiri. Ntchito yanga ndi kudula. Za m'mawa uno tadula, sizilowa mufilimu."

Tinayalanso timakadi tija mpaka dzuwa kupendeka, iwo akukumbukira, ine ndikupatsira, osayerekeza n'komwe kuyetsemula. Bambo anagwirabe ntchito ija zaka zina zinayi, ndipo mpaka kumwalira kwawo sanatchulepo za tsikulo, ngakhale kwa amayi.

Lero ndikapeza zinthu za munthu zili mbwee, ndimayamba ndafunsa, tsache lili m'manja. Koma chimene madamu anadula, ine chinandikanika kudula. Kwa zaka zambiri ndinkachita manyazi ndikakumbukira bambo atagwada. Tsopano ndili ndi ana anga, ndimaika pambali pa chithunzi chimenecho kamtsikana kamantha kogwira tsache, ndipo ndimaona kuti bambo sankagwadira madamu. Ankagwada chifukwa cha ine.