Kaseti Yokulungidwa M'fodya

Pa Tsangano, ku Mozambique kuno, palibe amene sawadziwa a Valdemar, bambo wa kashopu kothina kuseri kwa ogulitsa kachewere. Atabwerako ku Malawi nkhondo itatha, anapeza kamera yakale ya vidiyo n'kukhala wojambula maukwati, ndipo ankafika nayo mpaka ku Chidzolomondo. Mpaka lero amadzitama kuti anadya mbuzi za m'midzi yonseyo asanakwatitse mwana ngakhale mmodzi. Mafoni atabwera ntchito inawathera, koma mkuluyo ndi wamakani. Anayamba kutolera makaseti amene anthu ankataya, kumawapukuta chuku ndi thonje n'kusamutsira zithunzizo m'mafoni. Akazi awo amati shopuyo ndi dzala lokhala ndi chitseko.

Mmawa wina kunabwera mayi wa ku Chidzolomondo, dzina lake Alda, atafumbata kaphukusi. Amayi ake anamwalira iye akukwawa, osasiya chithunzi n'chimodzi chomwe, moti nkhope yawo sankaidziwa. Chiyembekezo chake chonse chinali pa kaseti ya ukwati wa amalume ake.

A Valdemar atamasula kaphukusiko anayetsemula. Abale a Alda, poopa mphemvu, anakulunga kasetiyo m'masamba a fodya n'kuisomeka kudenga la udzu. Mphemvu sizinaikhudzedi, zimenezo tiwayamikire, koma chinyontho chinalowa ndipo tepi yonse inamatana ngati ulimbo.

"Mwananga, iyi yafa," anatero a Valdemar, chisoni chitawagwira. "Kodi amayi akowo anali ndani?"

"Anali a Amélia, bambo."

"Amélia wa nthungululu? Meu Deus, Mulungu wanga! Uja sankadikira kuitanidwa. Ng'oma ikangolira, iye wafika kale! Tisiye ya amalume akoyi, timufunefune m'maukwati a eni."

Anatsitsa makatoni a makaseti a ku Chidzolomondo n'kuyamba kuonera imodziimodzi. Ntchito inatenga masiku, Alda akugona kwa msuweni wake. Ogulitsa kachewere anayamba kuunjikana pakhomo, kuseka masuti otaya ndi akwati onjenjemera. Alda ankaseka nawo, koma kaseti iliyonse ikatha mtima unkamuwawa, ndipo anayamba kunena zobwerera kwawo, poti fodya kumunda sadikira munthu.

Kenako anaika kaseti ya ukwati wa munthu amene ngakhale a Valdemar anamuiwala. Chithunzi chinkagwedera, mizere ikudutsadutsa, koma nthungululu inamveka yakuthwa, yotalika. A Valdemar anamenya tebulo.

"Ndi ameneyo!"

Mayi wamtali wa duku lofiira anatulukira pakati pa ovina, thukuta lili kamukamu, akuseka mano onse pamtunda, mwana ali kumbuyo. Alda anayandikira mpaka mphuno kutsala pang'ono kugunda galasi la kanema. Koma mayiyo atangoona kamera anaikupiza ndi dzanja n'kutembenuka msanga, kulozetsa msana.

"Inu a Valdemar, mukutha kaseti ndi ine chifukwa chiyani? Jambulani Alda wangayu, taonani masayawo!" anamveka mayiyo m'kasetimo.

Kamwana konenepa kanadzaza galasi lonse, kakuyamwa chala. Ogulitsa kachewere anaseka, wina n'kuimba nthungululu. Alda ankaseka misozi ikutsika, osaipukuta.

"Ndibwezere pamene pakuoneka nkhope, eti?" anafunsa a Valdemar.

"Nkhope ndaiona, bambo," anayankha Alda. "Bwezerani paja akunditchula dzina."