Mpira Umene Unkaphwa Loweruka Lililonse

Fungo la solushoni, zomatira machubu a njinga zija, limandibwezera ku bwalo la koleji ya zaulimi imene inali pafupi ndi mudzi wathu, m'mbali mwa msewu wa ku Khombedza. Bwalolo linali la mchenga ndi minga, magolo ake a mitengo ya bulugama, opanda ukonde. Mpira unali umodzi wokha, wachikopa, wa chubu mkati ndi chingwe chomangira pakamwa ngati nsapato. Ukaumenya ndi mutu pachingwe pomwepo, unkagona ndi chotupa pamphumi.

Chaka chimenecho timu ya koleji inali moto. Pamene matimu ena ankangomenyera mpira m'mwamba kuti anthu aombe m'manja, anyamata a majezi obiriwira aja ankapatsirana pansi, ena atavala nsapato, ena osavala. Anakwapula anyamata a kudoko la Chipoka, anakwapulanso aphunzitsi. Ine ndinali kamtsikana ka kupulaimale, ndipo ndinkayenda mothimbwidzika chifukwa wothamanga kumphepete, woperekera zigoli zambiri, anali achimwene anga a Yusufu.

Kenako mwezi wa Ramazani unagwera m'dzuwa la Okutobala. Amene anakhalako ku Salima akulidziwa dzuwalo. Mchenga umawotcha mapazi, nyenje zimalira mpaka makutu kuwawa, nkhuku zimangoti kukamwa yasa pansi pa nkhokwe. Masewera ankayamba dzuwa litangopendeka pang'ono. Loweruka loyamba la swaumu, kusala kudya ndi kumwa kuja, achimwene anathamanga bwino gawo loyamba, koma gawo lachiwiri anagwa okha popanda wowakhudza. Anawanyamula milomo itayera mbuu, ine ndikulira pambuyo.

Aphunzitsi oyang'anira timu sanazungulire. "Yusufu, ukagwanso ndikuchotsa. Sankha, umwe madzi kapena ubweze jezi." Kunyumba nakonso bambo analankhula kamodzi kokha akusoka ukonde wawo: "Mwana wanga samasula swaumu chifukwa cha chikopa cha ng'ombe." Madzulo amenewo achimwene anadya futali ngati akutafuna thonje.

Apa m'pamene mpira unayamba kuvuta. Unkasungidwa ndi kaputeni, a Gondwe, mnyamata wamtali wa ku Rumphi, woimba kwaya kutchalitchi, amene kumbuyo sankadutsika. Loweruka lotsatira anatulukira nawo utaphwa. Anakhala pansi pa mango, namasula chingwe, nasolola chubu, nachiviika m'beseni kufunafuna potuluka thovu. Kukhula, kupaka solushoni, kuuzira, kudikira kuti aume, kumata chigamba, kupopa ndi pampu ya njinga, zonsezi ankachita ngati mayi wosankha miyala mu mpunga. Anthu anakuwa mpaka kutopa. Pamene wenzulo inalira, mthunzi wa mitengo unali utafika pakati pa bwalo, ndipo kamphepo kanali katayamba. Achimwene anathamanga mpaka kumapeto, ndipo masewera atangotha kumzikiti kunamveka azana, kuitana kwa pemphero komasulira kusala kudya. Ndinawapatsira botolo la thobwa limene amayi anandinyamulitsa.

Sabata inayo chubu chinabookanso, ndipo ina yotsatira chigamba chinamatuka. Ndinadana nawo a Gondwe, sindibisa. Ife ana tinkafika masana dzuwa lili paliwombo kudzalimbirana malo, kenako n'kumapsa pomwepo chifukwa cha munthu wolephera kusunga mpira umodzi. Tinawapatsa dzina lakuti a Chigamba, ndipo tinkawakuwiza akamadutsa. Iwo ankangomwetulira.

Masewera otsiriza anali ndi apolisi a kuboma, ndipo tcheyamani wa chipani anaitanidwa. Anamuikira mpando ndi tebulo lansalu, achinyamata a malaya ofiira ataima kumbuyo kwake. Masiku amenewo munthu wotere sankadikiritsidwa. Komabe a Gondwe anatulukira ndi mpira wophwa, nalunjika pansi pa mango paja. Wachinyamata wina anapita kukaima pamutu pawo.

"Iwe, ukudziwa amene ukuwadikiritsa?"

"Pepani bwana, solushoni akangouma tiyamba."

Anapitiriza kuuzira chubu chija, sanafulumire. Masewera aja ndi amene sindidzawaiwala. Apolisi anali ndi nsapato zatsopano ndi matupi ngati nkhokwe, koma anyamata athu anawazunguza mutu. Chakumapeto achimwene anadutsa awiri kumphepete, naponya mpira pakati, wina n'kuumenya ndi mutu kulowetsa m'golo. Fumbi linakwera, amayi a m'mudzi akululutira, ndipo ngakhale bambo, amene ankati sadziwa za mpira, ndinawapeza ataima kuseri kwa mtengo akuseka okha.

Lolemba a Gondwe anaitanidwa kuofesi ya chipani. Anawalanda ukaputeni, ndipo temu isanathe anakwera basi ndi sutikesi yawo, osabweranso. Nditamva, ndinanena pachakudya kuti akhaula, anazolowera kuchedwetsa anthu. Achimwene anandiyang'ana, naika kapu pansi, n'kutuluka panja.

Ndinali kale ndi ana anga pamene achimwene anandiuza kuti chubu chija a Gondwe ankachiboola okha ndi singano, ndipo sanauzepo munthu, ngakhale achimwenewo, kufikira tsiku lokwera basi. Ine ndinkaona munthu wosasamala amene ankatipsereza padzuwa. Lero ndimaona mwana wa eni, wa mpingo wina, kutali ndi kwawo, akudikira kuti dzuwa litsike kuti mnzake asasankhe pakati pa jezi ndi mawu a bambo ake. Sindinawathokoze, ndipo kumene anathera sindikudziwa.