Fumbi la malata ndinazira nalo m'nyumba

Chimene ndinayamba kuona chinali kupuma kwa a Mhango. Anali mkulu amene ankacheka malata pantchito pathu, munthu wa imvi koma wa mikono yolimba. Akakoka sowo pang'ono ankaima, n'kugwira m'chiuno, kukamwa yasa, mapewa akukwera ndi kutsika ngati athamanga kuchokera ku Katawa. Chifuwa chawo chinali chouma, chosatuluka kanthu. Ife tinkati ndi chisanu cha Mzuzu, poti inali nthawi ya chiperoni. Iwo eni ankati ndi fodya amene anasiya kalekale.

Ntchitoyo anandipezera ndi nyaGondwe, mayi amene tinayandikana nyumba ku Salisbury Lines. Ine kwathu ndi ku Ntcheu. Ndinabwera ku Mzuzu kutsatira bambo a ana, amene ankayenda ndi lole ya matabwa, ndiye ulendo wina anapita osabwerako. Ndinatsala ndi Mphatso wa zaka zinayi ndi Tadala amene anali atangoyamba kukwawa. Sukulu ndinalekeza sitandade sikisi, ntchito yolembedwa ndinali ndisanagwirepo. NyaGondwe atandiuza kuti kutauni akusasula denga la nyumba yakale yosungiramo katundu ndipo akufuna azimayi onyamula ndi kusesa, sindinafunse zambiri. Ndinangobereka Tadala n'kuwatsatira.

Chinali chaka chija cha referendamu, anthu akukangana za nyali ndi tambala paliponse, pamsika, pampopi, ngakhale pamaliro. Kapitawo wathu, a Nyirenda, anatiuza tsiku loyamba lomwe kuti ndale tizisiya pageti, muno ndi malata basi.

Malatawo sanali achitsulo. Anali aja otuwa, okhuthala, ooneka ngati simenti, amene amati asibesitosi. Azibambo ankakwera pamwamba kuzula misomali ndi kutsitsa malata ndi chingwe. Abwino ankawapereka kwa a Mhango kuti awadule ndi sowo, achotse m'mphepete mothetheka, chifukwa bwana mwini ntchitoyo ankawagulitsa kwa anthu ofolera makhitchini ndi zimbudzi. Osweka tinkawaphwanya ndi hamala, ife azimayi, n'kuwatuta pa wilibala kukakwirira maenje apabwalo pamene malole ankatitimira. Kenako kusesa. Tinkasesa pouma, ndi tsache la udzu, fumbi n'kukwera mpaka mnzako osamuona bwino. Pofika masana nsidze zathu zinkayera, m'mphuno moyera, chitenje choyera. Tadala kumbuyo kwanga nayenso ankayera mutu, azimayi n'kumamuseka kuti agogo aang'ono afika.

Pansi pa benchi ya a Mhango pankaunjikana fumbi losalala ngati ufa woyera. NyaGondwe ndi amene anatulukira nzeru yake. Nyumba za ku Salisbury Lines zili m'dambo, pansi pamanyowa, ukazira lero mawa pang'ambika. Iwo anayesa kusakaniza fumbi lija ndi mtsiro, n'kupeza kuti pansi pakulimba, pakutuwa bwino ngati pa simenti. Azimayi tonse tinayamba kuwola m'matumba a feteleza. A Nyirenda anakondwa, anati tikuwachepetsera zinyalala.

Kuzira ndiye ntchito imene ndimaidziwa kuyambira ndili mwana. Ndinasefa fumbi lija, ndinakanda ndi mtsiro, ndinazira chipinda chonse mpaka pakhonde, ndinakhula ndi nkhulungo mpaka kuwala. Anthu odutsa ankaima kufunsa ngati alandilodi atiikira simenti. Ndinanyada, ndisaname. Tadala ankakwawa pamenepo tsiku lonse la Sabata, akumenya pansi ndi timanja n'kutiika m'kamwa. Mphatso ankakanda ndi kamtengo kujambula nyumba ndi nkhuku. Pakapita masiku pansi pankayamba kufumbuka, ine n'kusesa m'mawa uliwonse ana ali momwemo pamphasa.

Tsiku limene a Mhango anagwa kunali kamvula kowaza. Anali pakati podula lata, anasiya sowo ili m'kati, anakhala pansi pang'onopang'ono ngati munthu amene akufuna kutola kanthu, kenako anagona chammbali. Milomo yawo inada. A Nyirenda anaimitsa lole imene inabwera kudzatenga malata, n'kuyang'ana uku ndi uku kuti apite nawo ndani. Azibambo anali padenga. Anandiloza ine, kuti iwe wa mwana, ntchito yako ndi yochepa kale, kwera uwagwire mutu.

Kuchipatala anawagoneka pabedi, anawaika chowathandiza kupuma. Ine ndinaima pakhomo, sindinkadziwa kuti ndipite kapena ndidikire. Adokotala anali bambo wachinyamata, wotopa m'maso. Adokotalawo ankawadziwa kale a Mhango. Ndinamva akuuza namwino kuti bamboyu anamwa mankhwala a chifuwa chachikulu mpaka kumaliza koma sizinasinthe, m'makhololo mwake simupezeka kanthu. Kenako anatembenuka, anandiyang'ana kuyambira kumapazi mpaka kumutu, maso awo n'kuima pa Tadala.

Anafunsa kuti choyerachi n'chiyani. Ndinati ndi fumbi la malata, adokotala. Anafunsa malata anji, ndinawauza. Anafunsa kuti bambowa akhala akudula malata amenewa kuyambira liti. A Mhango eni anayankha, mawu akuduka, kuti kuyambira ali mnyamata, nyumba zambiri za denga lotuwa m'tauni muno malata ake anadula ndi iwo.

Kenako adokotala anandiitanira pakhonde, anandiuza kuti ndimasule mwana, ndisakutumule chitenje. Ankalankhula pang'onopang'ono kuti ndimve. Anati m'malata amenewo muli tiulusi tating'ono kwambiri tosaoneka ndi maso. Lata likakhala lathunthu padenga silivuta kwenikweni, koma ukalidula, kuliphwanya kapena kusesa fumbi lake, tiulusito timauluka, munthu n'kutipuma. Tikalowa m'mapapo sitituluka, sitisungunuka. Mapapo amachita zipsera n'kuuma, ena amadwala khansa. Anati sangalumbire za a Mhango popanda zipangizo zimene iwo alibe, koma mtima wawo ukuwauza zimenezo.

Ndinafunsa kuti nanga mankhwala otsuka m'chifuwa alipo, ndimupatse mwana lero lomwe. Anapukusa mutu.

“Palibe, mayi. Matendawa sabwera lero kapena mawa. Amadikira zaka zambiri, mwina mwanayu atakula ali ndi ana ake. Mwinanso sadzabwera n'komwe. Sindingakuuzeni.”

Ndinati muyezeni tsono. Anati ngakhale atamujambula lero saona kanthu. Apa m'pamene ndinawauza za pansi pa nyumba. Ndinkayembekeza kuti andikalipira, mwina zikanakhala bwino akanatero. Anangotseka maso n'kugwira pachipumi. Anati ndisasesenso pouma, ndithire madzi ambiri, ndichotse dothi lonselo lili lonyowa, ndikwirire pakuya, ana asakhalepo. Namwino anawaitana, anapita.

Njira yobwerera sindiikumbukira bwino. Ndimangokumbukira kuti mpweya unkandithera, ndikumadzifunsa kuti kodi ndi mantha kapena zayamba kale. Ndinkaima, kutembenuza Tadala kumubweretsa kutsogolo, kuika khutu pachifuwa pake pakati pa msewu, njinga zikundiimbira belu.

Nditafika pantchito ndinawafotokozera a Nyirenda zonse. Anamvetsera akutokosa m'mano ndi kachitsotso. Anati malata amenewa afolera masukulu ndi zipatala dziko lonse lino, ndiye tonse tikanatha kale. Ndinapempha kuti tizithira madzi tisanasese. Anati madzi a pampopi bwana amawerengera, ndiponso malata onyowa amaterera m'manja.

“Matipate akulowani m'mutu, mama,” anatero akuseka. “Mawa mudzati fumbi nalo liponye voti.”

Azibambo padenga anaseka nawo. NyaGondwe sanaseke, koma panjira anandiuza kuti madokotala a masiku ano amaopseza anthu, iwo pansi pawo sakumba, yayi, pamene pawoneka bwino chomene chonchi. Anati nanga chinthu chodzakupha uli nkhalamba n'chosiyana bwanji ndi ukalamba womwewo. Mdzukulu wawo ankagona pansi pomwepo.

Masiku amenewo aliyense ankati tsopano pakamwa patseguka, munthu akhoza kunena chilichonse. Ine ndinali nacho chonena, koma kukachinena kwa yani? Pamisonkhano ankanena za akaidi ndi makadi a chipani. Za fumbi la m'mphuno mwa mwana wa mayi wosesa panalibe ofesi yake imene ine ndinkaidziwa.

M'mawa mwake sindinapite kuntchito. Ndinatenga ana kupita nawo ku Chibanja kwa mayi wina wa kumpingo kwathu, mayi Jere, amene anandimvera chisoni ngakhale nkhani yanga sanaimvetse. Nditabwerera ndinatunga madzi ndowa ndi ndowa n'kukhuthulira m'nyumba mpaka munachita thope. Ndinamanga kansalu konyowa kumphuno, ndikudziwa kuti mwina sikathandiza kwenikweni. Ndinatenga khasu n'kuyamba kupala pansi pamene ndinakhula ndi manja anga. Ndinapala mpaka dothi lakuda linaoneka, pakhonde pomwe, ndikuwolera m'matumba.

Kuseri kwa chimbudzi ndinakumba dzenje. Ku Salisbury Lines kuja ukakumba kufika m'mawondo madzi amatuluka, ndiye ndinati bola, zikhale m'madzi momwemo zisadzaume. Ndinaponyamo matumba, tsache, sefa, mphasa imene ana ankagonapo, ndi chitenje chimene ndinkaberekera Tadala kuntchito. Akazi a alandilodi anandipeza ndikukwirira. Anaima patali manja m'chiuno, n'kufunsa kuti zimene ndikukwirira pamalo pawo ndi zamatsenga za kwathu ku Ntcheu kapena. Ndinawafotokozera. Anati chaka chino amva zambiri, koma munthu woopa pansi pa nyumba yake sanamuonepo. Ndinaika miyala pamwamba, ndinawapempha kuti pamenepo asadzalimepo ngakhale mpiru. Ndinapukuta makoma ndi nsanza yonyowa, ndinazira mtsiro wokhawokha, wakuda, wong'ambika uja.

A Mhango sanabwerenso kuntchito. Tinamva kuti abale awo anawatengera kumudzi. Sowo yawo anapatsidwa bambo wina, fumbi n'kumaunjikana pansi pa benchi monga kale.

Anthu amandifunsa ngati ndinasiya ntchitoyo. Sindinasiye. Ana akanadya chiyani? Ndinagwira mpaka denga lonse linatha, ndikudziwa chimene ndikupuma. Ndinkabwera ndi kabotolo ka madzi n'kumawaza pamene ndikusesa, anzanga akunditcha mayi mvula. Chimene ndinaphunzira n'chakuti chinthu chimene bwana akukulola kutenga kwaulere uyambe wafunsa kuti n'chiyani, ndiponso kuti fumbi lililonse la pantchito lizitsala pantchito pomwepo.

Tadala sindinapitenso naye. Ankatsala kwa mayi Jere pamodzi ndi Mphatso, akumwa phala mpaka ine nditaweruka. Zovala zantchito ndinkavulira kuseri kwa nyumba yosungiramo katunduyo, kuziviika m'chidebe, n'kuvala zina. Komabe tsitsi ndi khungu zinkakhala zoyera. Ndiye ndikafika ku Chibanja sindinkalowera kukhomo, ndinkazungulira kuseri kupita kubafa. Koma mwana amadziwa mapazi a mayi ake. Ankandiona podutsa pampanda, n'kukwawa mofulumira, manja m'mwamba, akulira, mabere anga nawo akuwawa ndi mkaka. Mayi Jere ankati mutengeni kaye pang'ono, mwana wakusowani tsiku lonse.

Ndinkati mugwireni, mayi, asandikhudze. Ndinkalowa m'bafa, kutseka chitseko cha udzu, n'kuyamba kuthira madzi ozizira m'mutu, iye akukuwa panja. Ndinkasamba mpaka madzi otsika m'miyendo atasiya kutuwa, kenako ndinkatuluka kukamunyamula.