Khasu la m'Buku la ku Senegal

Bukulo ndinalitenga m'laibulale ya pasukulu yomwe ndinkaphunzitsa pa Boma la Mchinji. Linabwera m'makatoni a mabuku ochokera kunja, aja amangotumiza osafunsa ngati tikuwafuna. Linali la zithunzi za dziko la Senegal, lolemera ngati njerwa ziwiri, ndipo mawu ake onse anali a Chifalansa. Panalibe mwana ndi mmodzi yemwe amene analibwerekapo. Ine chinandikopa ndi madiresi ndi maduku a amayi a kumeneko, ndimati ndikaonetse telala wanga. Loweruka lina ndinapita nalo kumudzi kwathu kwa Dambe, lili m'chikwama chimodzi ndi sopo ndi shuga wa bambo anga.

Apa n'kuti patapita zaka ziwiri mayi atamwalira. Bambo anali mkamwini m'mudzimo, ndipo munda umene ankalima unali wa kuchikazi. Atsibweni, mlongo wawo wa mayi, sanawathamangitse ayi, koma ananena poyera kuti munda sugona. Chaka chimene bambo adzalephere kulima, mundawo udzapita kwa mbale wanga wina, mwana wa mayi aang'ono, amene ankasowa podzala soya. Tsono msana wa bambo unali utayamba kukana. Akapalira theka la mzere, kuweramuka kwake kunali kochita kugwira mpini ndi manja awiri. Zoti ndiwalembere aganyu ankakana, ati munda umene mwana wamkazi akukulipirira anthu opalira si wakonso. Ine ndinkafuna kuti abwere tizikhala limodzi pa Boma, pafupi ndi chipatala, ndipo ndinali nditanena mpaka pakamwa kuuma. Yankho lawo linali limodzi, loti m'mpanda wa njerwa amasungiramo nkhuku.

Bukulo analiona ndikutulutsa shuga. Anasamba m'manja, n'kukhala nalo pakhonde. Madiresi aja sanawayang'ane n'komwe. Anadutsa mabwato opakidwa utoto, mizikiti, zithunzi zakale za asilikali ovala zisoti zazitali, akungoti mmm. Pa ng'ombe anaima pang'ono n'kunena kuti nyanga zachuluka kuposa nyama. Malambe anawazindikira, ndipo anakondwa ngati akumana ndi munthu wakwawo. Kenako anafika patsamba lina, osatembenuzanso.

Pachithunzipo panali bambo wina m'munda wa mtedza. Masambawo ngakhale ine ndinawadziwa. Bamboyo anali ataimirira nji, atagwira mpini wautali kuposa iye mwini, ndipo kunsonga kwake kunali chitsulo chophwatalala, chotambasuka ngati mapiko a namzeze.

"Taona munthu uyu," anatero bambo. "Akupalira chiimire."

Anandifunsa zimene zinalembedwa pansi pa chithunzicho. Ndinawauza kuti ndi Chifalansa, ine sindichidziwa, ndipo tsiku limenelo ndinkanena zoona.

Bukulo anakana kuti ndibwerere nalo. Anajambula chitsulo chija pakatoni ndi khala, n'kupita nacho kwa mmisiri wina wosula makasu ndi nkhwangwa pamsika. Mmisiriyo anafuna kuchipinda kuti chifane ndi khasu lenileni, koma bambo anati asule zimene zili pakatoni, nzeru zake asunge. Mpini anadula okha, wabulugamu, n'kuupala mpaka kusalala. Mvula itagwa anadzala mtedza wawo m'mizere monga mwa zaka zonse, ndipo udzu utamera anatuluka nalo khasu lawo latsopano, anthu akuona.

Munthu amene wagwira khasu zaka makumi asanu amadziwa chinthu chimodzi: umakweza, n'kutema, n'kukoka. Bambo anachita zomwezo. Mpini wautali uja unkawazunguza, chitsulo chinkangonjanja padothi, ndipo chikagwira chinkadula mtedza n'kusiya chisoso chili chiimire. Mizere inagumuka. Amayi opita kudimba ankawafunsa kuti mapapaya akukathyolawo ali mbali iti, ndipo atsibweni anabwera dala kudzaona, manja ali kumbuyo. Bambo anapirira mlungu wathunthu. Kenako anabwerera ku khasu lakale, msana nawo n'kubwerera pomwe unali.

Nditapitako ndinapeza buku lili pawindo, ndipo ndinalitenga osanena kanthu. Pasukulu pathu panali mphunzitsi wa Chifalansa, mayi wina wochokera ku Zomba, wokonda kufotokoza ngakhale zimene sunafunse. Ndinamuonetsa tsamba lija pa nthawi ya tiyi, ndikumusimbira za mapapaya kuti tiseke. Iye anawerenga mawu a pansi pa chithunzi aja n'kundiuza kuti chipangizocho sachikweza m'mwamba. Amachikankha kutsogolo, chitsulo chikuyenda pansi pa mchenga n'kumadula mizu ya udzu, ndipo mundawo umakhala wopanda mizere.

Ndinaleka kuseka. Munda wa bambo ndinkaudziwa bwino, ndinakulira momwemo. Kumtunda kwake ndi katondo, koma chigawo chonse chakumunsi ndi mchenga wokhawokha, ndiye kumene ankadzala mtedza.

Unali mwezi wa Disembala. Bambo anali ndi kafoni kawo kamabatani, ndipo tinkalankhulana pafupifupi tsiku lililonse. Madzulo a tsiku limenelo ndinawaimbira, ndinafunsa za msana, za mvula, za mbuzi yawo yomwe inali ndi bere. Za khasu sindinanene. Ndinadziuza kuti mizere anaunga kale, nkhaniyi yafika mochedwa. Ndinadziuzanso kuti alangizi a zaulimi sangalole mtedza wodzala pansi popanda mizere, ndiponso kuti anthu awaseka mokwanira. Zonsezi zinali ndi kachoonadi kake. Koma chenicheni n'chakuti ndinkafuna kuti alephere. Ndinkaopa kuti tsiku lina adzagwa m'mundamo ali okha, ine n'kudzamva kwa anthu, ndipo ndinaona kuti udzu ungandigwirire ntchito imene pakamwa panga panalephera.

Udzu unagwiradi ntchitoyo. Pofika mu Febuluwale munthu sakanadziwa kuti m'munsimo muli mtedza. Titakolola zochepa zimene zinapezeka, atsibweni anaitanitsa abale, ndipo nkhani sinatalike. Bambo sanatsutse. Anapempha kuti mitengo ya mango imene anadzala ndi mayi isadulidwe, basi. Anabwera pa Boma ndi bedi, wailesi, Baibulo ndi mbuzi ija, yomwe tinaigulitsa mwezi usanathe chifukwa inkadya maluwa a eni nyumba.

Sindibisa, ndinasangalala. Ankamwa mankhwala pa nthawi yake, masaya anabwerera, ndipo anzanga akutchalitchi ankandiyamikira kuti ndine mwana wodziwa kusamala kholo. Buku lija sindinalibweze ku laibulale, poti panalibe wolifuna, ndipo bambo analipeza pashelefu. Ndikamapita kuntchito ndinkawasiya nalo pakhonde, pobwera n'kuwapeza nalo pomwepo. Anafika podziwa anthu a m'menemo ngati a m'mudzi mwawo. Ankandiuza kuti msodzi uyu ndi waulesi, ukonde wake ngwong'ambika, mayi uyu wapamsika amaba pamuyeso, taona m'mene wagwirira mbale.

Tsiku lina, mvula ya chaka chotsatira itayamba, ndinaweruka msanga. Ndinawapeza kuseri kwa nyumba, pamchenga umene amisiri anasiya, atagwira tsache langa la mpini wautali. Sankasesa. Ankalikankha kutsogolo pang'onopang'ono, mwendo wina patsogolo, wina pambuyo, msana uli chilili. Buku linali lotsegula pampando.

Anandiitana n'kundionetsa ndi chala. Manja a bambo wa m'chithunzi uja anali kumapeto kwenikweni kwa mpini, pafupi ndi chiuno, osati pakati ngati munthu wofuna kutema. Kutsogolo kwake udzu unali chiimire, pomwe anadutsa unali utagona. Ndipo m'munda monsemo munalibe mzere ndi umodzi womwe. Chaka chathunthu akuyang'ana, anati, maso awo ankangothamangira pachitsulo.

"Munthuyu sakutema, akukankha," anatero. Anaseka pang'ono, kudziseka okha. Kenako anandiyang'ana. "Kodi kusukulu kwanuko kulibe wodziwa chilankhulo chimenechi?"

Ndikananama, sakanadziwa. Koma ndinati alipo, ndiponso kuti ndinamufunsa kale.

"Liti?"

"Chaka chatha, bambo. Mu Disembala."

Tsache linali lidakali m'manja mwawo. Ndinayamba kufotokoza za mizere, za alangizi, za mantha anga, mawu akungotuluka osalongosoka. Anandilekerera mpaka ndinatha ndekha.

"Mwina ndikanalepherabe, mwana wanga," anatero. "Koma ndikanalephera ndekha."

Anatsamiritsa tsache pakhoma, n'kutseka buku, n'kulowa m'nyumba. Sanakalipe, ndipo nkhaniyo sanaitchulenso. Tinakhala limodzi zaka zinayi mpaka imfa yawo, tikudya pamodzi, tikupita kutchalitchi pamodzi, osakanganapo ndi tsiku limodzi. Koma kuyambira pamenepo, akabwera kuchipatala ndi mapepala a Chingerezi, ankandidutsa ine mphunzitsi ndili pakhonde, n'kupita nawo kwa namwino wa nyumba yoyandikana nafe kuti akawawerengere.